Mbiri ya Mitengo Yowala Usiku

Nthano ndi mafilimu a maiko ongopeka zimakonda kuonetsa nkhalango zimene mitengo ndi udzu wake zimawala usiku. Chitsanzo chodziwika bwino ndi dziko la Pandora la mufilimu ya Avatar, imene James Cameron anatulutsa mu 2009. Pa dziko lenileni palibe chomera chodziwika chimene chimawala pachokha mwachilengedwe. Chimene anthu akhala akuona m'nkhalango kuyambira kalekale ndi chikuni chowola chimene chimatulutsa kuwala kobiriwira mumdima, ndipo mwini wake wa kuwalako ndi bowa amene akudya mtengowo.

Bowa wotere amalowetsa timitsitsi take toyera mkati mwa chikuni chonyowa. Munthu akaswa chikunicho usiku n'kudikira mphindi zingapo kuti maso azolowere mdima, amaona mbali yosweka ija ikuwala mofatsa, popanda utsi kapena kutentha. Chikunicho chikauma, kuwalako kumazilala. Mitundu ya bowa wowala imene yapezeka mpaka pano ikuposa 100, ndipo ina, monga Armillaria, imawala timitsitsi take m'mtengo, pomwe ina imawala chipewa chomwe.

Aristotle, katswiri wa nzeru wa ku Greece amene anamwalira mu 322 Yesu asanabadwe, anaika bowa ndi mamba a nsomba m'gulu la zinthu zooneka ngati moto mumdima. Pliny Wamkulu wa ku Rome analemba za bowa woyera womera pamwamba pa mitengo, amene anthu ankathyola usiku potsata kuwala kwake. Anthu wamba sanadikire kuti amvetse chimene chimachititsa, koma anangoyamba kugwiritsa ntchito. M'buku lake la mu 1555 lonena za anthu a kumpoto kwa Ulaya, Olaus Magnus wa ku Sweden anafotokoza kuti olowa m'nkhalango ankasiya zidutswa za makungwa owola m'njira kuti ziwalondolere pobwerera. Pachilumba cha Ambon ku Indonesia, Rumphius, amene anamwalira mu 1702, analemba kuti anthu ankanyamula bowa wowala m'manja poyenda usiku.

Kufufuza kwenikweni kunayamba ndi Robert Boyle. Mu 1667 iye anaika chikuni chowala m'chotengera chagalasi n'kupopa mpweya wonse kuutulutsa. Kuwalako kunazima, ndipo atalowetsanso mpweya kunabwerera. Apa zinadziwika kuti kuwala kumeneku kumafuna mpweya, ngakhale kuti okosijeni anadzatulukiridwa patapita zaka zoposa 100.

Pa nkhondo yomenyera ufulu wa America, David Bushnell wa ku Connecticut anapanga sitima yaing'ono yoyenda pansi pa madzi yotchedwa Turtle. Kandulo ikanamaliza mpweya wochepa umene woyendetsa ankapuma, choncho Bushnell anamata tizidutswa ta chikuni chowala pa kampasi ndi pa chida choyezera kuya kwa madzi. Vuto linabwera nyengo yozizira itafika, chifukwa chikunicho chinasiya kuwala. Sitimayo inadzayesa kuphulitsa sitima ya Angerezi yotchedwa Eagle padoko la New York mu September 1776, koma sizinatheke.

Gwero la kuwalaku linadziwika m'zaka za m'ma 1820, pamene ofufuza anayang'anitsitsa mitengo yochirikiza denga m'migodi ya malasha ku Germany n'kupeza kuti mbali zowala zinali zomwe panali timitsitsi ta bowa. Paulendo wake wa ku Brazil wa pakati pa 1836 ndi 1841, George Gardner wa ku Scotland, katswiri wa zomera, anaona anyamata m'tauni ya Natividade akusewera ndi chinthu chowala mumsewu. Poyamba anayesa ziphaniphani zikuluzikulu, koma anali bowa womera patsinde pa mitengo ya kanjedza. Bowayo lero amatchedwa Neonothopanus gardneri, ndipo kafukufuku wa mu 2015 anasonyeza kuti amawala kwambiri usiku n'kukopa tizilombo timene tingamwaze njere zake. M'zaka za m'ma 1880, Raphaël Dubois wa ku France anapeza kuti zamoyo zowala zimadalira zinthu ziwiri, luciferin amene amatulutsa kuwala akakumana ndi okosijeni, ndi luciferase amene amafulumizitsa ntchitoyo.

Nyali za palafini ndi matochi zitafala, mwambo woyendera kuwala kwa chikuni unatha. Chidwi chinasamukira m'nyumba zofufuzira, kumene asayansi anayamba kuyesa kupanga chomera chowaladi. Mu 1986, ofufuza a payunivesite ya California ku San Diego anaika DNA ya chiphaniphani mu fodya. Fodyayo ankawala pokhapokha akamuthirira luciferin, ndipo kuwalako kunali kochepa moti kunkaoneka bwino pa chithunzi chojambulidwa kwa nthawi yaitali. Mu 2013, ntchito yotchedwa Glowing Plant inasonkhanitsa madola oposa 480,000 kudzera pa tsamba la pa intaneti la Kickstarter, koma inatha mu 2017 isanapereke mbewu zowala zimene inalonjeza.

Njira inatseguka asayansi atabwerera kwa bowa. Mu 2018 anazindikira ndondomeko yonse imene bowa wa Neonothopanus nambi amapangira luciferin wake kuchokera ku caffeic acid. Mankhwala a caffeic acid amenewa amapezeka kale m'zomera, chifukwa zimawagwiritsa ntchito pomanga lignin, chinthu chimene chimalimbitsa thunthu. Choncho mu 2020 anaika DNA ya bowayo mu fodya, ndipo masamba, tsinde, mizu ndi maluwa zinawala zokha popanda kuthiridwa kanthu, makamaka nsonga zanthete ndi maluwa. Boma la United States litavomereza mu 2023, kampani ya Light Bio inayamba kugulitsa duwa lotchedwa Firefly Petunia mu 2024 pa mtengo wa madola 29. Masana duwali ndi loyera, ndipo usiku limatulutsa kuwala kobiriwira kumene kumaoneka bwino m'chipinda chamdima koma sikukwanira kuunikira njira kapena kulowa m'malo mwa nyali.