Yakana

M'tizipinda ta magemu pa Dedza boma mawuwa sachedwa kumveka. Mnyamata adina Play pa Steam, kompyuta ikhala ngati ikuganiza, kenako zii. "Aise, yakana!"

Kukana n'kwa munthu, monga mwana wokana kutumidwa. Koma timanenanso kuti moto wakana kuyaka nkhuni zikanyowa ndi chifunga cha ku Bembeke, kapena kuti kachewere wakana chaka chino. Chokana sichinafe ayi. Chilipo, changosowa china chake. N'chifukwa chake zimandiwawa kuona munthu akufufuta gemu yonse n'kuyambanso kuitsitsa, bandulo n'kuthera pomwepo.

Gemu yokana nthawi zambiri imakhala ikusowa DirectX kapena Visual C++, apo ayi madalaivala a graphics card ndi akale. Mwinanso antivirus yatsekera fayilo ina poiyesa kachilombo. Magetsi akazima gemu ili mkati motsitsidwa, mafayilo ena amatha kuduka. Pamenepo pitani pa Properties ya gemuyo mu Steam, musankhe Verify integrity of game files. Imafufuza fayilo iliyonse n'kutsitsanso zowonongeka zokhazo.