Mbiri ya Kamera pa Nkhondo Yoteteza Nkhalango ya Amazon

Mchitidwe wojambula makanema pofuna kuteteza nkhalango ya Amazon ku Brazil unabadwa chifukwa cha vuto la umboni, pakuti eni nthaka, kutanthauza mitundu ya anthu imene inalipo kale Apwitikizi asanafike m'chaka cha 1500, ankati akadandaula kuti malo awo akulandidwa, mawu awo apakamwa sankamveka m'maofesi a boma, momwe chikalata chokha ndicho chinkakhulupiridwa. M'zaka za m'ma 1970, Mário Juruna, mtsogoleri wa mtundu wa Xavante, anatchuka chifukwa choyenda ndi makina ojambulira mawu, n'cholinga choti akuluakulu a boma asadzakane zomwe alonjeza, ndipo nzeru yomweyi ndi imene inapitirira pamene makamera a vidiyo anayamba kupezeka.

M'chaka cha 1986, Vincent Carelli anayambitsa ntchito yotchedwa Vídeo nas Aldeias, kutanthauza vidiyo m'midzi, yomwe poyamba inkajambula anthu ndi kuwaonetsa zithunzizo pomwepo. Anthu a mtundu wa Nambiquara atadziona pa kanema sanakhutire ndi maonekedwe a mwambo wawo, kotero kuti anaubwereza movala zamakolo ndi kuukitsa mwambo woboola mphuno umene unali utasiyidwa kwa zaka zambiri. Izi zinali ndi phindu pa nkhani ya malo, chifukwa olanda minda kawirikawiri ankanena kuti mtundu womwe wataya miyambo yake ulibenso chifukwa chosungira nthaka yamakolo, pamene malamulo aakulu a dziko a 1988 anadzavomereza ufulu wa eni nthaka pa malo omwe akhalapo kuyambira kale.

Mtundu wa Kayapo ndi umene unasandutsa kamera kukhala chida cha ndale. Pa msonkhano wa ku Altamira mu February 1989, womwe unkatsutsa damu lopangira magetsi pa mtsinje wa Xingu, a Kayapo ankadzijambulira okha zochitika, ndipo chithunzi cha mayi Tuíra wa mtunduwo atagunditsa chikwanje patsaya la mkulu wa kampani yamagetsi ya Eletronorte chinafalikira m'maiko ambiri. Ntchito ya damulo inaimitsidwa, koma patapita zaka inatsitsimutsidwa pa dzina la Belo Monte, ndipo magetsi anayamba kutuluka mu 2016, zomwe zikusonyeza kuti kanema amachedwetsa chiwonongeko koma sachiletsa payekha.

M'badwo wotsatira nawonso sunafune kumangojambulidwa ndi alendo. Filimu ya The Territory ya 2022, yotsogoleredwa ndi Alex Pritz, inapangidwa mogwirizana ndi mtundu wa Uru-eu-wau-wau wa m'chigawo cha Rondônia, womwe pa nthawi ya mliri wa Covid-19 unatseka malo ake kuti alendo asalowe, n'kupitiriza wokha kujambula maulendo olondera malire pogwiritsa ntchito makamera ndi timakina touluka totchedwa drone. Mmodzi wa alonda a nkhalango a mtunduwu, Ari Uru-eu-wau-wau, anaphedwa mu April 2020. Chimene chasintha kuchokera m'masiku a Juruna ndi chakuti umboni wa mitengo yodulidwa ndi minda yotsegulidwa mozemba tsopano ukusonkhanitsidwa ndi eni malo, ndipo iwo ndi amene akusankha zoyenera kuperekedwa kwa apolisi, kwa atolankhani ndi kwa anthu akunja.