Umboni wa ku Mangochi, Kuchoka pa Cholembera Kufika pa Foni

Boma la Fort Johnston, lomwe lero ndi Mangochi, litakhazikitsidwa m'mbali mwa Shire mu 1891, milandu inkalembedwa pamanja. Kenako kunabwera taipi ndi kaboni, kalaliki n'kumagogoda tsiku lonse.

Airtel Money itafika mu 2012, ogula usipa ku Makawa ndi Malembo anayamba kulipira pafoni, akuba nawonso n'kutsatira komweko. Lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security la 2016 linalola mauthenga a pafoni kukhala umboni kukhoti. Koma foni imodzi imasunga mauthenga zikwizikwi. Kuwakopera pamanja n'kuzunza wofufuza. Mapulogalamu ngati Autopsy amasanja okha mauthenga, nthawi ndi manambala, lipoti n'kutuluka msanga.

Komabe, wolumbira pamaso pa majisitireti akadali munthu, ndipo ayenera kumvetsa zimene wasainira.