Chigamulo cha Khoti Chokakamiza Ofesi ya Boma Kuyankha Mwini Malo

Cholembedwachi chikufotokozera anthu a kwa Bowe ndi madera oyandikana nawo m'maboma a Dowa ndi Ntchisi za njira imene malamulo anaika yoti munthu atsate pamene boma latenga malo ake, iye walemba pempho, koma yankho silikubwera. Nkhaniyi imabuka kawirikawiri pa ntchito za misewu, monga yokonzanso msewu wa M1 umene umadutsa pa Mponela ndi Madisi, komanso pomanga sukulu, zipatala ndi misika.

Boma lili ndi mphamvu yotenga malo, koma ndime 44 ya Malamulo Aakulu a dziko lino inaika malire. Malo atengedwe pokhapokha ntchitoyo ili yopindulira anthu onse, mwini wake wauzidwa nthawi ilipo, ndipo walandira chipepeso choyenera. Mwini malo ali ndi ufulu wokadandaula ku khoti. Ndondomeko yake ili m'lamulo la Lands Acquisition Act la 1971, limene linasinthidwa mu 2017. Wolima malo a makolo nayenso amatetezedwa, ngakhale alibe chikalata cha umwini.

Mapempho amene amafika kwa Bwanamkubwa kapena ku ofesi ya za malo ndi osiyanasiyana. Wina amati mitengo ya mango ndi zigafa za fodya sizinawerengedwe, wina dzina lake linasiyidwa pa mndandanda, wina akufuna kudziwa tsogolo la kachigawo ka munda kamene katsala. Ndime 43 imati aliyense ayenera kuthandizidwa ndi ofesi za boma motsata malamulo ndi mwachilungamo, ndipo apatsidwe zifukwa zolembedwa ngati chiganizocho chikukhudza ufulu wake. Kalata ikangogona mufayilo, mlimi sadziwa ngati alime kapena asamuke, ndipo mvula siyidikira.

Zikatero, munthu angapemphe Khoti Lalikulu kuti liunike kachitidwe ka ofesiyo. Kwa anthu a ku Dowa ndi Ntchisi, nthambi yapafupi ili ku Lilongwe. Chigamulo chimene chimapemphedwa a zamalamulo amachitcha mandamus, mawu a Chilatini otanthauza "tikulamula". Malinga ndi malamulo a kayendetsedwe ka milandu a 2017, wodandaula amayamba wapempha chilolezo kwa woweruza, ndipo ayenera kutero mwamsanga, pasanathe miyezi itatu. Khoti lingathe kuwonjezera nthawiyi, koma pokhapokha pali chifukwa chomveka.

Apa ndi pamene ambiri amasokonezeka. Chigamulochi sichitchula ndalama za chipepeso, ndipo sichibwezera munda kwa mwini wake. Chimangolamula mkulu wa ofesiyo kuti aunike pempholo ndi kupereka yankho, nthawi zambiri m'masiku amene woweruza watchula. Yankholo lingakhale lovomera kapena lokana. Komabe kukana kolembedwa, kokhala ndi zifukwa zake, kumam'patsa munthu poyambira ngati akufuna kukatsutsa, pamene kukhala chete kumangomusiya m'malere. Wogwira ntchito m'boma amene anyozera chigamulochi angaimbidwe mlandu wonyoza khoti.

Woweruza amafuna kuona kuti ofesiyo ili ndi udindo, mwa lamulo, woyankha pempholo, kuti wodandaulayo akukhudzidwa ndi malowo, kuti anapemphadi, ndi kuti njira zina anaziyesa. Choncho pempho likhale lolembedwa, lokhala ndi tsiku, ndipo mwini wake asunge kope lodindidwa chidindo cha ofesi imene yalandira. Lonjezo la pakamwa, ngakhale litanenedwa pamsonkhano pamaso pa mafumu, ndi lovuta kulitsimikiza m'khoti. Asungenso chidziwitso chimene analandira, pepala la kawerengedwe ka katundu ndi kalata ya nyakwawa yochitira umboni malire.

Amene sangakwanitse kulipira loya angapite ku Legal Aid Bureau. Ofesi ya Ombudsman nayo imalandira kwaulere madandaulo a kuchedwa kwa maofesi a boma. Mkangano wa malire pakati pa mabanja sulowa m'njira imeneyi. Umenewo umayambira kwa mafumu ndi m'mabwalo a malo a makolo, motsatira lamulo la Customary Land Act la 2016.