Chikombole cha Nthabwala: Mawu a Amisiri a Timakanema ta pa Foni

Pakati pa maluso amene manja a anyamata ndi atsikana aphunzira m'zaka zino, pali limodzi limene akulu ambiri amaliyesa chibwana, ndilo kukonza timakanema tafupitafupi toseketsa, timene timayenda kuchokera pa foni ina kunka pa inzake kudzera pa TikTok, Facebook ndi WhatsApp. Komatu iye amene adzatchera khutu ku mawu amene amisiri ake amalankhula adzapeza kuti m'ntchitoyi muli mwambo, muli muyeso, mulinso udindo.

Liwu loyamba ndilo meme. Analipeka Richard Dawkins, katswiri wa zamoyo wa ku Britain, m'buku lake la 1976 lotchedwa The Selfish Gene, ponena za ganizo, nyimbo kapena kachitidwe kamene kamafala mwa kutsanzirana. Ndipo lero pa intaneti meme ndi chithunzi kapena kanema amene khamu la anthu limamubwereza, aliyense nasinthako pang'ono, kotero kuti kukoma kwake kumagona pa zinthu ziwiri pamodzi: chimene wopenya achidziwa kale, ndi chachilendo chimene sanachiyembekeze. Ikafika poti aliyense akuichita, imatchedwa trend, koma masiku ake ndi owerengeka, pakuti tsabola wakale sawawa, ndipo wobwera nayo mochedwa amaseka yekha.

Chifukwa cha liwiro limeneli kunabadwa template. Monga woumba njerwa sayeza njerwa iliyonse payokha, koma amaponya dothi m'chikombole nizituluka zonse zofanana, momwemonso pa CapCut, pulogalamu imene inayamba kufala kunja kwa China m'chaka cha 2020, ya kampani ya ByteDance imene inayambitsanso TikTok, mmisiri mmodzi amasankhiratu nyimbo, nawerengeratu mipata ya zithunzi, naikiratu utali wa mpata uliwonse, kuti wobwera pambuyo angolowetsamo zithunzi zake, asinthe mawu, ndi kutulutsa kanema womalizidwa, kumene eni ntchito amakutcha export.

Koma wofuna kupitirira pa kungodzaza mipata ayenera kudziwa zimene zili m'kati. Timeline ndiwo mzere umene zonse zimandandalikidwapo monga mwa nthawi yake, zithunzi pamwamba, mawu ndi nyimbo pansi. Clip ndi kachidutswa kamodzi ka kanema pa mzerewo. Transition ndiyo njira imene kachidutswa kena kamapatsira malo kanzake, kaya mozimirira pang'onopang'ono, kaya modumpha mwadzidzidzi. Keyframe ndi chizindikiro chimene mmisiri amaika pamene chinthu chiyambira kuyenda ndi pamene chidzaimire, makina nakwaniritsa okha zapakati, ndipo umo ndimo nkhope ya munthu wodabwa imakulira kufikira yadzaza galasi lonse. Green screen ndiko kuchotsa mtundu wobiriwira umene uli kumbuyo kwa munthu, kuti aikidwe pa malo amene phazi lake silinapondepo. Zonsezi zimakonzedwa m'chithunzi choimirira cha muyeso wa 9:16, popeza umo ndimo foni imagwiridwira m'dzanja.

Pamwamba pa onsewa pali beat, kugunda kwa nyimbo kumene chithunzi chiyenera kusinthirapo. Pano ndi pamene pali mtima wa luso lonse, pakuti nthabwala ikafulumira pang'ono siimveka, ikachedwa pang'ono yazizira. Ndipo mwambo wa kufupikitsa unakhazikika kale m'masiku a Vine, pulogalamu ya timakanema imene inayamba mu 2013 ndi kulola masekondi 6 okha, niphunzitsa m'badwo wonse kutaya chilichonse chosafunika.

Chimene template singapereke ndicho caption, mawu olembedwa pamwamba pa chithunzi. Nyimbo ingachokere ku Lagos kapena ku Seoul, koma mawu onena za kondakitala wa minibasi amene waiwala chenji, kapena za magetsi amene athima nsima ili pamoto, amatuluka m'moyo wa wolembayo ndi m'chinenero chake, ndipo ndiwo amene amachititsa kuti kanema wofanana ndi zikwi zinzake akhale wakewake.

Liwu lotsiriza ndilo watermark, chidindo chosonyeza kumene kanema wachokera kapena amene anamupanga. Limatikumbutsa kuti nyimbo ili ndi mwini wake, template ili ndi mmisiri wake woyenera kutchulidwa, ndipo koposa zonse nkhope ya munthu ili ndi mwini wake. Kujambula mayi wogwa pamsika kapena mkulu wodwala misala, ndi kumusandutsa choseketsa cha dziko lonse iye osadziwa, ndiko kuba ulemu umene sudzabwezedwanso, pakuti kanema akafika m'mafoni a anthu palibe dzanja lingamuitanitse. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Chotero wophunzira lusoli aphunzire mawu ake onse, aphunzire muyeso wa nthawi, koma asanatulutse kanema adzifunse ngati munthu amene alimo angaseke naye pamodzi.