Willie Brown, Sipikara wa Nyumba ya Malamulo ya ku California

Dziko la United States of America liri ndi zigawo 50, ndipo cigawo ciri conse cimapanga malamulo aceace. Ku California, imodzi mwa nyumba ziwiri zopangira malamulo imachedwa Assembly. Muli aphungu 80, amene amasankha mmodzi mwa iwo kukhala Sipikara, ndiye kuti mtsogoleri wa msonkhano. Amene anakhalitsa pa mpando umenewu koposa onse ndi Willie Brown.

Brown anabadwa m'caka ca 1934 ku Mineola, m'cigawo ca Texas, m'masiku amene malamulo a kumeneko anali kulekanitsa anthu akuda ndi Azungu m'masukulu ndi m'malo ena. Ali mnyamata ankapukuta nsapato za anthu kuti apeze ndalama. Mu 1951 anasamukira ku San Francisco, mzinda wa m'California, kumene anaphunzira akugwira nchito zamanja kufikira anatsiriza maphunziro a uloya mu 1958. Anapikisana pa masankho a 1962 nalephera, koma mu 1964 anapambana, nalowa m'nyumba ya malamulo.

Mu 1974 anafuna mpando wa Sipikara, koma anzace a m'cipani ca Democratic anasankha Leo McCarthy. Ambiri anali kumuyesa Brown munthu wanzeru koma wonyada. Kugwa kumeneku kunamphunzitsa kuti wotsogolera aphungu ayenera kudziwa cosowa ca yense wa iwo, pakuti mutu umodzi susenza denga. Tsono mu 1980, pamene McCarthy ndi Howard Berman anakanganirana mpandowo nagawanitsa cipani, Brown anapita kukapangana ndi a cipani cotsutsa ca Republican. Aphungu 28 a Republican ndi 23 a Democratic anamsankha, nakhala munthu wakuda woyamba kutsogolera nyumbayo.

Mphamvu yace inali kucokera kuti? Sipikara ndiye anali kugawa mipando ya m'makomiti, ndipo Brown anali kusonkhanitsanso ndalama zothandizira aphungu a cipani cace pa masankho. Cotero womthandiza anali kupindula, womuukira anali kutaya malo. Omkonda anati iye ndiye anali kuyanjanitsa magulu kuti nchito ya boma iyende. Omuda anati mphamvu yotere siyenera kukhala m'manja mwa munthu mmodzi zaka zambiri.

Mau a omudawo anamveka. Mu 1990 anthu a California anabvomereza lamulo lochedwa Proposition 140, loti phungu asakhale mu Assembly kupitirira zaka zisanu ndi cimodzi. Ngakhale zinatero, Brown anaonetsanso ukatswiri wace pambuyo pa masankho a 1994. A Republican anapata mipando 41, koma mmodzi wa iwo, Paul Horcher, anaponyera Brown voti, ndipo mpando sunamcoke kufikira mu June 1995. Kucokera mu 1996 mpaka 2004 anali Meya wa San Francisco.

Lamulo lija linacotsa Brown, koma linacotsanso aphungu ena odziwa nchito, ndipo mu 2012 anthu analisintha kuti phungu akhale zaka 12. Mbiri imeneyi itiphunzitsa kuti nkwapafupi kucotsa mtsogoleri wokhalitsa, koma nzeru zimene anazipeza m'zaka zace sizitsala pa mpando kuti wolowa m'malo azitole.