Ulendo wa ufulu wa amayi ku Mozambique

Kalekale, malamulo a Apwitikizi asanafike m'midzi, mtsinje wa Zambezi unali utagawa kale dziko la Mozambique pa nkhani ya udindo wa mkazi. Kumpoto kwa mtsinjewu, pakati pa Achewa ndi Anyanja a ku Tete ndi Niassa, komanso Ayao ndi Amakhuwa, mtundu unkatsatidwa kuchikazi. Mwamuna ankapita kuchikamwini, ana anali mbumba ya atsibweni awo, ndipo munda unali wa mkazi ndi abale ake. Kummwera, kwa Atsonga, mkazi ankalowoledwa n'kupita kukakhala kwa mwamuna, ana n'kukhala akuchimuna.

Utsamunda sunasamale za kusiyanaku. Amuna ambiri ankatengedwa kukagwira chibalo, ena ankanka ku migodi ya ku Joni ndi ku mafamu a ku Rhodesia. Boma litayamba kukakamiza anthu kulima thonje chakumapeto kwa zaka za m'ma 1930, khasu lalikulu linagwera amayi otsala pamudzi. Ankalima thonje la boma, kenako n'kuthamangira munda wa chakudya nyengo itapita kale. Pamwamba pa izi, lamulo la Apwitikizi la 1966 linanena kuti mwamuna ndiye mutu wa banja. Lamulo limeneli linadzakhalitsa kuposa atsamunda amene analibweretsa.

Chipani cha FRELIMO chinabadwa mu 1962 ku Dar es Salaam, ndipo nkhondo yomenyera ufulu inayamba pa 25 September 1964. Poyamba amayi ankaphikira asilikali ndi kusenza zipolopolo pamutu kuchokera kumalire a Tanzania. Koma ena anaumirira kuti aphunzitsidwe mfuti, motero mu 1967 kunakhazikitsidwa gulu la asilikali aakazi lotchedwa Destacamento Feminino. Wodziwika kwambiri m'gululi ndi Josina Machel, amene ankayang'anira ntchito yosamala ana amasiye a kunkhondo. Anamwalira ndi matenda pa 7 April 1971 ali ndi zaka 25 zokha, ndipo tsiku limeneli ndilo limakumbukiridwa chaka ndi chaka ngati tsiku la amayi a ku Mozambique. Mu 1973 chipani chinakhazikitsa bungwe la amayi la OMM.

Ufulu utabwera pa 25 June 1975, malamulo oyendetsera dziko ananena kuti mkazi ndi mwamuna ndi ofanana. Graça Machel anakhala nduna ya zamaphunziro, ndipo amayi ambiri anagwira pensulo koyamba m'sukulu za kwacha. Komabe ufulu wa amayiwu unali wochokera pamwamba. Chipani ndicho chinkauza amayi chimene chikuwapondereza: malowolo, mitala ndi chinamwali. Amayi ambiri akumpoto sanamvetse chifukwa chake chinamwali, kumene anamkungwi anali ndi mphamvu zawozawo, chinkatchedwa chikhalidwe chobwezera m'mbuyo. Ndipo mu 1983, boma litayamba kusesa m'mizinda anthu amene linkati ndi malova, amayi ena osakwatiwa anatchedwa mahule n'kutumizidwa kukalima ku Niassa.

Apa n'kuti nkhondo yapachiweniweni pakati pa boma ndi gulu loukira boma la RENAMO itakolera. Inatenga zaka pafupifupi 16 ndipo inapha anthu pafupifupi 1 miliyoni. Atsikana ankabedwa m'midzi kukasenza katundu wa asilikali ndi kukakhala akazi awo mokakamizidwa. Sukulu ndi zipatala za kumidzi zinatenthedwa. Anthu pafupifupi 1 miliyoni anathawira ku Malawi, ndipo akuluakulu a ku Nsanje, Mulanje, Ntcheu ndi Dedza akukumbukirabe misasa imene munadzaza amayi obereka ana kumbuyo.

Mtendere unasainidwa ku Rome pa 4 October 1992 ndi mtsogoleri wa dziko Joaquim Chissano ndi mtsogoleri wa RENAMO Afonso Dhlakama. Nyumba ya malamulo inakhululukira milandu yonse ya pa nthawi ya nkhondo, kotero kuti wogwiririra ndi wogwiriridwa anabwerera kumudzi umodzi popanda bwalo. Ndalama zothandizira asilikali otula zida zinapita kwambiri kwa amuna, pakuti akazi ambiri amene anakhala m'misasa ya nkhondo sanalembedwe ngati asilikali. Amasiye obwerera kwawo ankapeza minda italowedwa ndi ena.

Apa ndi pamene mbiriyi inatembenukira. Zipani zambiri zitaloledwa, amayi anayamba kupanga mabungwe osadalira chipani, monga Fórum Mulher limene linayamba mu 1993, ndipo anayamba kulimbana ndi malamulo limodzi ndi limodzi. Lamulo la malo la 1997 linapatsa mkazi ufulu wofanana ndi mwamuna pa munda, ndiponso linavomereza umboni wapakamwa wa anthu a m'mudzi, chinthu chofunika kwa mayi wosadziwa kulemba amene alibe pepala lililonse. Lamulo la mabanja la 2004 linachotsa mfundo ya atsamunda ija yakuti mwamuna yekha ndiye mutu wa banja, zaka 29 dziko litalandira ufulu, ndipo linazindikira maukwati achikhalidwe ndi achipembedzo. Chaka chomwecho Luísa Diogo, mwana wa ku Tete, anakhala nduna yaikulu yoyamba yachikazi.

Mu 2009 kunabwera lamulo lothana ndi nkhanza za m'banja. Mu 2014 amayi anayenda ndawala m'misewu ya Maputo kukana ndime yakale imene inkalola wogwiririra kupulumuka chilango akakwatira mtsikana amene wamulakwira, ndipo ndimeyo inachotsedwa. Mu 2019 lamulo linatseka mpata umene unkalola mwana wa zaka 16 kukwatiwa makolo akavomera. Pofika mu 2022 theka la nduna za boma anali amayi, ndipo kwa zaka zambiri tsopano aphungu pafupifupi anayi mwa khumi aliwonse ndi amayi.

Koma lamulo limayenda mofulumira ku Maputo kuposa ku Nampula kapena ku Angónia. Pafupifupi theka la atsikana amakwatiwabe asanakwanitse zaka 18, makamaka kumpoto ndi pakati pa dzikolo, kumene umphawi ndi kutalika kwa sukulu zimakankha makolo. Kuyambira mu 2017 nkhondo yatsopano ku Cabo Delgado yathamangitsa mabanja zikwizikwi, ndipo atsikana akubedwanso monga kale. Zimene amayi a ku Mozambique anapata m'zaka za mtendere anazipata chifukwa anasiya kudikira chipani n'kuyamba kudzilankhulira. Ntchito yatsala ndi yofikitsa malamulowo pa bwalo la mfumu, kupolisi ya kumudzi ndi m'misasa ya othawa nkhondo, kumene mayi wodandaula amakafika poyamba.